Lipoti la nkhani ya mayi wothyola tiyi amene analandidwa tikiti ali ndi pakati

Ndine mlembi wa komiti ya amayi panthambi ya yuniyoni pa esiteti ina ya tiyi, kuno kudera la Thyolo ndi Mulanje. Ndisanasankhidwe ndinathyola tiyi zaka zambiri, choncho kulemera kwa dengu lonyowa ndi mvula ndikukudziwa ndi msana wangawu. Lipotili ndalembera anzanga a m'makomiti ena, kaya ndi m'minda ya tiyi, ya nzimbe, ya makadamiya kapena m'mafakitale, kuti aone mmene tinayendetsera nkhani imodzi, pamene tinakhoza ndi pamene tinaphonya. Esitetiyo sinditchula dzina. Mayiyonso anavomera kuti nkhani yake ilembedwe koma dzina lake lisatuluke, ndiye ndizingoti mayi wathu.

Mmene zinayambira

Mayi wathu anali wa sizoni. Mvula ikagwa tiyi amaphuka mothamanga, kuyambira cha mu Disembala mpaka mu Epulo kapena Meyi, ndipo nthawi imeneyi esiteti imalemba anthu ambiri oti athandize kuthyola. Masamba akachepa, anthuwa amabwerera kumudzi kukadikira mvula ina. Iye anali atathyola masizoni 6 otsatizana pa esiteti yomweyi, osadumphitsa.

Lolemba lina mu Febuluwale, mmawa poitana mayina, akapitawo anadumpha dzina lake. Atafunsa, anamutengera pambali, namulanda tikiti ndi kumuuza kuti: "Amayi, kazipitani mukapume. Kontrakiti yanu yatha. Mukachira mudzabwere tidzaone." Anali ndi pakati pa miyezi 7. Panalibe kalata, panalibe kumufunsa mbali yake. Anzake amene analembedwa naye tsiku limodzi anasenza madengu nalowa m'mizere, iye n'kutembenuka ulendo wa kunyumba.

Sanadandaule kwa aliyense. Ankadziwa kuti kuli tchuthi cha uchembere, koma ankayesa kuti ndi cha amayi a muofesi ndi a pamanenti basi. Ndalama ya yuniyoni inkadulidwa pamalipiro ake, koma sizinamubwerere m'mutu kuti nkhani ngati imeneyi n'kupita nayo ku yuniyoni. Ife tinaimva patapita milungu iwiri, ku banki mkhonde, pamene analephera kuponya sheya yake ndipo amayi anzake anayamba kumufunsa chavuta n'chiyani. Izi ndikufuna zimveke: nkhaniyi sinatipeze kudzera mwa oyimira antchito a m'munda wake, amene onse anali abambo ndipo anaona ndi maso awo akulandidwa tikiti.

Pamene ndinaphonya

Ndinathamangira naye ku komiti yaikulu ya nthambi, poganiza kuti ndiyo njira yake. Anabwera ndi amuna ake. Abambo anakhala pamabenchi, iye anakhala pansi pafupi ndi chitseko, mutu uli choweramira. Mafunso onse ankayankha "inde" kapena "ayi", ndipo pena amuna ake ndi amene ankamuyankhira. Potsiriza apampando anati: "Mayi mlembi, nkhani za mimba ndi za kuchikuta. Ife pano tili pakalikiliki ndi za malipiro. Mwina dikirani achire, tidzawapepesere kwa akapitawo."

Abambo amenewa si anthu oipa. Ndi omwewa amene anakakamira mpaka tinalandira majasi a mvula, ndi omwewa amene amatsutsana ndi kalaliki sikelo ikamanama. Koma munthu amalemba pamndandanda wa madandaulo chimene chimamuwawa iye mwini, ndipo pakomitipo panalibe amene anayendapo m'mizere ya tiyi ali ndi pakati, dengu likukoka kumbuyo mwana akukoka kutsogolo. Ine ndinalakwa pomuimika mayi wathu pamaso pa gulu la amuna tisanakambirane awiriwiri. Ndinalakwanso podikira msonkhano wina wa komiti, poyembekeza kuti asintha maganizo. Milungu itatu inapita chabe, pamene lamulo limapereka miyezi itatu yokha yokadandaula ku ofesi ya leba kuchokera tsiku limene munthu wachotsedwa.

Zimene lamulo limanena

Tinakhala pansi amayi anayi a m'komiti yathu ndi buku la lamulo la ntchito, Employment Act ya 2000, limene ndinalandira kumaphunziro a yuniyoni. Gawo 47 limati mayi wapantchito ali ndi ufulu wa tchuthi cha uchembere cha milungu yosachepera 8, akulandira malipiro onse, kamodzi pa zaka zitatu zilizonse. Tinaliwerenga kangapo kufunafuna pamene pakuti "kupatula a sizoni". Palibe. Gawo 49 limati kuchotsa mayi ntchito chifukwa cha pakati ndi mlandu, ndipo chimene chinatilimbitsa mtima n'chakuti udindo wosonyeza kuti sanachotsedwe chifukwa cha pakatipo uli kwa wolemba ntchito, osati kwa mayiyo. Gawo 57 limati munthu sachotsedwa popanda chifukwa chomveka, ndipo ngati akumunena za khalidwe kapena kagwiridwe ka ntchito, ayambe wapatsidwa mpata wodziteteza.

Koma gawo limene a sizoni onse ayenera kulidziwa ngati dzina la mwana wawo ndi gawo 43. Limati pamalo pamene amalemba anthu nyengo ndi nyengo, munthu akagwira masizoni otsatizana kwa bwana mmodzi, nthawi yonse imene anagwirayo imaphatikizidwa ndipo amatengedwa kuti wakhala pantchito mosadukiza. Ndiye kuti mayi wathu sanali mlendo wongobwera mu Disembala. Anali wantchito wa masizoni 6.

Umboni

Tinalembera kalata bwana woona za antchito, ndipo apampando, nditawakakamiza, anasaina nawo. Yankho linabwera ndi zifukwa zitatu: kontrakiti yake inatha, sankakwanitsa makilo a tsiku, ndiponso anajomba masiku anayi osapempha. Za pakati sanatchulemo n'komwe.

Apa ndi pamene amayi anagwira ntchito imene komiti yaikulu sikanaitha. Ndinapita kunyumba kwa mayi wathu ndekha. Anatulutsa jumbo ya shuga imene anaisunga pansi pa zovala m'sutikesi, ndipo munali mapepala a malipiro a masizoni onse, ena atadyedwa ndi chiswe m'mbali koma nambala yake ya ntchito ikuoneka. Munalinso buku lake la kuchipatala. Titaika masiku anayi ojombawo pambali pa bukulo, onse anagwirizana ndi masiku amene anapita kusikelo ya amayi oyembekezera, chidindo ndi siginecha ya namwino zili pomwepo. Mayi wapakati wothyola tiyi amakhala ndi masikelo awiri, ya masamba kushedi ndi ya kuchipatala, ndipo tsiku limene wapita kwinako, kuno amamulemba kuti wajomba. Iye anati nthawi zonse ankatsanzika kwa akapitawo madzulo ake, pakamwa, anzake a mzere woyandikana akumva.

Za makilo zinatithandiza ndi agogo ena a m'gulu lomwelo, amene akhala akuthyola tiyi kuyambira ine ndili mtsikana. Iwowa amayenda ndi kope la ana asukulu m'thumba la pulasitiki, lomangirira m'chitenje. Aliyense wa m'gulu mwawo amene sadziwa kuwerenga akayeza masamba, amawauza nambala imene kalaliki watchula, iwo n'kulemba ndi pensulo. Anayamba zimenezi kalekale atatopa ndi kukangana pa tsiku la malipiro. Palibe anawatuma, ndipo komiti yaikulu sinkadziwa kuti kopelo liliko. Titalitsegula tinapeza kuti makilo a mayi wathu anatsikadi mu Januwale ndi Febuluwale, sitinabise zimenezo. Koma munalinso anthu ena, amuna ndi akazi omwe, amene makilo awo anali otsika kuposa ake, ndipo onsewo anali akadali pantchito.

Chovuta chinali mboni. Wa sizoni akaima kutsutsa kapitawo amadziwa kuti Disembala akubwera, ndipo wolemba mayina ndi yemweyo. Malamulo aakulu oyendetsera dziko lino, gawo 31, amapatsa aliyense ufulu wolowa yuniyoni, ndipo Labour Relations Act ya 1996 imaletsa kuzunza munthu chifukwa cha zochita za yuniyoni. Koma kumuwerengera mayi wa ana anayi ndime imeneyi sikumuchotsera mantha a njala. Tinagwirizana kuti pasakhale woima yekha. Amayi a pamanenti anayamba ndiwo kusaina kalata ya umboni, a sizoni n'kutsatira pansi pawo, ena ndi chala. Amene anamva mayi wathu akutsanzika anali atatu, koma osaina kuti akumudziwa ndipo ankamuona akugwira ntchito anadzaza pepala mbali zonse ziwiri.

Kukumana ndi mabwana, kenako kuleba

Bwana woona za antchito anatilandira mwaulemu. Ulendo uno ndinapempha apampando kuti atsegule ndi moni okha, nkhani ndiyambe ine. Bwanayo anati mwambo wa pa esiteti ndi wakuti tchuthi cha uchembere n'cha a pamanenti. Ndinamuwerengera gawo 47 ndi gawo 43, n'kumufunsa kuti atisonyeze pamene mwambowo walembedwa. Ndinapemphanso kuona kontrakiti imene akuti inathayo. Anati afunsa kaye kulikulu. Tinadikira milungu iwiri, kuli zii. Tikanadikirabe, miyezi itatu ija ikanatithera m'manja, choncho tinakalembetsa dandaulo ku ofesi ya leba ya boma lathu kutatsala masiku owerengeka. M'masiku omwewo mayi wathu anachira, mwana wamkazi.

Tsiku lokumana anabwera ndi khanda kumsana. A leba anaitanitsa zinthu ziwiri kwa akampani: kontrakiti ndi makalata a chenjezo. Kontrakiti itatuluka, tsiku lothera linali la kumapeto kwa sizoni, chimodzimodzi ndi la anzake onse. Kalata ya chenjezo panalibe ngakhale imodzi. Ife tinayala buku la kuchipatala, kope la agogo aja ndi pepala la mboni. Kukambirana sikunatenge nthawi yaitali kuchokera pamenepo.

Tinagwirizana, molemba ndi kusainirana, kuti alipidwe masiku amene akanagwira asanapite kutchuthi, alipidwe milungu 8 ya uchembere, ndiponso kuti sizoni yotsatira dzina lake lilembedwe ndi ofesi, osadzera kwa akapitawo aja. Chipukuta misozi cha kuchotsedwa mopanda chilungamo akampani anakana, ati sakuvomera kuti analakwa, angofuna nkhani ithe.

Ine ndinkafuna tipitirire ku khoti loona milandu ya zantchito, Industrial Relations Court, ku Blantyre. Lamulo limalola kutero ngati a leba alephera kuyanjanitsa mbali ziwirizo pakatha mwezi, ndipo ndinkaona kuti umboni wathu ndi wolimba. Chigamulo cha khoti chikanathandiza amayi a m'maesiteti ena. Tinatuluka panja kuti tikambirane, ndipo iye anati: "Achemwali, ndamva zonse. Koma kunyumba kulibe ufa, ndipo ku Blantyre sindingamapite ndi kamwana aka. Ndilandire zomwezi." Nkhani inali yake, njala inalinso yake. Tinalowa n'kusaina.

Zimene ananena pambuyo pake

Patapita mwezi ndinakamuona. Tinakhala kuseri kwa nyumba tikutongola chimanga, amuna ake atapita kumsika. Ndi pamene anandiuza kuti sizoni yapitayo akapitawo aja anamufuna, namulonjeza munda wabwino ndiponso kuti dzina lake lizilembedwa chaka chilichonse popanda vuto. Iye anakana. Kuyambira pamenepo ankamupatsa mizere ya pachitunda, kutali ndi shedi, kumene tiyi wake ndi wokalamba ndipo masamba ndi apatalipatali. Makilo otsika aja chiyambi chake chinali chimenechi. Pakati panangopereka mpata womuchotsera.

Ndinakhala chete nthawi yaitali, chifukwa ndinazindikira kuti tsiku lija ndinamukhazika pansi pamaso pa komiti ndi amuna ake, anali atanyamula zonsezi mumtima. Akanazinena bwanji pamenepo?

Gender Equality Act ya 2013 imati kuvutitsa munthu pomufuna zachisembwere ndi mlandu, ndipo chilango chake ndi K1,000,000 ndi zaka 5 kundende. Imafunanso kuti malo antchito akhale ndi ndondomeko yolandirira madandaulo otere. Nkhani zoterezi si zachilendo m'minda ya tiyi. Amayi 36 a m'minda ya kuno anakasuma ku khoti ku London kampani ya ku Britain imene ili ndi minda m'dziko muno, ndipo mu 2021 kampaniyo inagwirizana nawo zowalipira kunja kwa khoti, ngakhale sinavomere mlandu. Zonsezi ndinamufotokozera. Anapukusa mutu. "Bambo a kunyumba akamva, adzati ndinavomera. Banja langa litha. Musanditchule."

Sindinamukakamize, ndipo ndikupempha anzanga a m'makomiti ena kuti musamakakamize. Mayi amene wakuuzani zotere wakupatsani chinthu chimene chingamuphwanyire banja ndi ntchito tsiku limodzi. Chimene tinachita n'kupita nayo nkhaniyo kwa mabwana popanda dzina, ngati dandaulo la komiti ya amayi: kuti mphamvu yolemba mayina a sizoni ndi yogawa mizere isakhale m'manja mwa munthu mmodzi, ndiponso kuti pakhale mayi wolandira madandaulo kumalo kumene wodandaula sangaonedwe ndi gulu lonse. Chachiwirichi anavomera. Choyambacho anavomera theka: mayina tsopano amalembedwa kuofesi pali woyimira yuniyoni, koma kugawa mizere kukadali kwa akapitawo. Akapitawo aja anawasamutsira kudivishoni ina. Akadali pantchito, ndipo kumeneko kulinso amayi. Zimenezi zimandisowetsa tulo.

Zimene zinasintha panthambi

Nkhaniyi inatitsegula maso pa mmene nthambi yathu inkayendera. Labour Relations Act imati yuniyoni ikhale ndi mamembala osachepera 20 pa 100 aliwonse apantchito pamalopo kuti bwana akakamizike kukambirana nayo. Powerenga mamembala, amayi timawerengedwa. Podula ndalama, amadula mofanana. Koma misonkhano inkachitika madzulo tikaweruka, kutreding'i senta, nthawi imene mayi akuthamangira kumjigo, kunkhuni ndi kukatenga mwana kwa aneba. Akapanda kubwera ankati amayi alibe chidwi. Pachisankho, mpando umene ankatisiyira unali wa msungichuma, ati amayi sadya ndalama. Kusunga ndalama tinkasungadi bwino, koma polowa m'chipinda chokambirana ndi mabwana msungichuma ankatsala panja.

Tinapempha kuti misonkhano ina izichitika masana pa nthawi ya nsima, kushedi. Apampando anakayika, koma tsiku loyamba amayi anadzaza mpaka ena anaima padzuwa, mbale zili m'manja. Madandaulo amene anatuluka tsiku limenelo anali oti sanalembedwepo m'buku la nthambi chiyambire: zimbudzi zili kutali ndi minda moti mayi amene ali kumwezi amavutika tsiku lonse, oyembekezera amapatsidwa mizere yotsetsereka nthawi ya mvula, tsiku la sikelo ya kuchipatala limadulidwa malipiro, ndipo woyamwitsa alibe pokhala.

Kuti abambo aone kuti nkhanizi n'zawonso, tinawakumbutsa kuti kusintha kwa Employment Act kwa mu 2021 kunawapatsa iwonso tchuthi cha milungu iwiri mkazi wawo akachira, kamodzi pa zaka zitatu. Ambiri sankadziwa. Bambo wina wachinyamata anaimirira n'kunena kuti mkazi wake anachira iye ali m'munda, ndipo anakamuona patapita masiku awiri. Kuchokera tsiku limenelo mawu akuti "za kuchikuta" sindinawamvenso pamsonkhano.

Ena amati amayi sangathe kulimbana ndi mabwana pagome. Ine ndimawatchulira a Dorothy Ngoma, amene anatsogolera bungwe la anamwino ndi azamba la NONM mpaka mawu a anamwino anayamba kumveka kuboma, ndi a Zingiswa Losi, amene mu 2018 anakhala mayi woyamba kusankhidwa pulezidenti wa COSATU, bungwe lalikulu la mayuniyoni ku South Africa. Koma kunena zoona, amene anasintha maganizo a anthu panthambi yathu ndi agogo a kope aja. Chisankho chitafika, amayi anawaimika pampando wa wachiwiri kwa apampando. Iwo anakana, ati maso ayamba kuchita chidima, n'kuloza mayi wina wa pamanenti amene anali woyamba kusaina pepala la mboni. Ameneyo anapambana, ndipo tsopano m'gulu lokakambirana ndi mabwana muli amayi awiri.

M'minda ya tiyi mgwirizano woyamba wa malipiro ndi kagwiridwe ka ntchito pakati pa eni minda ndi yuniyoni unasainidwa mu 2016. Mgwirizano wotere ukhoza kupereka zoposa zimene lamulo limanena, ndiye m'menemo ndi mmene tikufuna nkhani zathu zilowe. Pangano nambala 183 la bungwe la dziko lonse loona za ntchito la ILO, la mu 2000, limanena milungu 14 ya uchembere, pamene lamulo lathu likadali pa 8. Amene anaberekapo akudziwa kuti pa milungu 8 msana sunakhale bwino woti n'kusenza dengu kukwera nalo chitunda. Tatumiza kulikulu la yuniyoni mfundo zitatu: milungu ya uchembere iwonjezeke, tsiku la sikelo lisamadulidwe mayi akaonetsa buku la kuchipatala, ndipo mawu akuti a sizoni nawonso ali ndi tchuthi cha uchembere alembedwe poyera, kuti pasadzapezekenso bwana wonena za mwambo.

Mmene zilili panopa

Mvula itagwa, mayi wathu anabwerera ndipo anapeza dzina lake lili kale pamndandanda. Anamuika m'gulu lina. Mwana amatsala ndi agogo ake, ndipo masana mtsikana wake wamkulu akaweruka kusukulu amabwera naye kumapeto kwa munda kuti ayamwe. Amakhala pansi pa mtengo wa bulugamu, mvula ikagwa amafunditsa mwanayo jasi lake la pulasitiki. Pempho lathu la kachisakasa ka amayi oyamwitsa pafupi ndi shedi lili kwa mabwana, ndipo tikalikumbutsanso pa msonkhano wa mwezi uno.

Nkhani yake itamveka m'makomboni, amayi ena awiri anabwera kunyumba kwanga usiku, aliyense payekha. Onse anauzidwa mawu omwe aja, akuti kazipitani mukapume, wina sizoni yathayi, wina zaka ziwiri zapitazo. Miyezi itatu yokadandaula kuleba inawadutsa kalekale. Mmodzi anasunga mapepala ake a malipiro, winayo anayatsira moto. Ndalemba nkhani zawo zonse ziwiri monga anandiuzira, ndawawerengera, asaina, ndipo mapepalawo ndawatumiza kwa a zamalamulo kulikulu la yuniyoni. Loweruka likubwerali tikhala ndi amayi a sizoni a kudivishoni kumene anasamutsira akapitawo aja, ndipo agogo avomera kubwera ndi kope lawo kuti akawaonetse kalembedwe kake.